Lendi ikapanda kulipidwa pa nyumba ya anthu angapo: mmene mungatsatire ndalama zanu mwalamulo

Nyumba zambiri zimene zili pa lendi ku Ndirande, ku Chilomoni, ku Kawale, ku Area 25 kapena ku Chibavi si za munthu mmodzi. Zina zinasiyidwa ndi makolo ndipo eni ake tsopano ndi mayi wamasiye pamodzi ndi ana asanu, zina zinamangidwa ndi mwamuna ndi mkazi amene banja lawo linatha, pomwe zina zinagulidwa ndi abale awiri, wina akutumiza ndalama kuchokera ku Johannesburg ndipo mnzake akuyang'anira amisiri kuno kumudzi. Malinga ngati ndalama ikubwera mwezi ndi mwezi, palibe amene amafunsa kuti mwini weniweni ndi ndani. Funso limeneli limadzuka tsiku limene lendi yasiya kuoneka, ndipo kawirikawiri limapeza anthu alibe pepala ngakhale limodzi m'manja.

Chimene chimagwetsa milandu yotereyi si kuuma mtima kwa wa lendi ayi, koma kusamvana kwa eni nyumba. Choncho musanaganize zogula loko watsopano kapena zokatenga chisamani kukhothi, muyenera kulongosola kaye za m'nyumba mwanu.

Dziwani kaye amene ali ndi ngongole

Anthu akamati "lendi sikulipidwa" angathe kukhala akunena zinthu zitatu zosiyana kwambiri, ndipo chilichonse chili ndi njira yake. Mwina wa lendi wasiyadi kulipira. Mwina wa lendi akulipira mokhulupirika, koma amene amatolera ndalamazo, kaya ndi mchimwene wamkulu, malume kapena mwamuna wakale, sakuzifikitsa kwa anzake. Mwinanso m'nyumbamo mulibe mlendo aliyense, koma mukukhala mmodzi wa eni ake, ndipo enawo akuona kuti akudyeredwa masuku pamutu popeza iwo akulipira lendi kwina.

Njira yodziwira ndi yosavuta, ngakhale ambiri amaiopa. Eni nyumba awiri kapena atatu apite limodzi kwa wa lendi masana, mwaulemu, ndi kumupempha kuti awaonetse umboni wa miyezi imene walipira. Masiku ano ambiri amalipira kudzera pa Airtel Money, pa TNM Mpamba kapena kubanki, ndiye umboni suvuta kupeza. Ine ndinaonapo banja lina litasonkhana pakhonde pa wa lendi, mkwiyo uli tho, likufuna kumuuza kuti asamuke chifukwa cha ngongole ya miyezi isanu ndi iwiri. Bambo wa lendiyo sanatsutse kanthu, anangolowa m'nyumba ndi kutuluka ndi kope la ana asukulu lokutidwa ndi pepala la khaki, mmene munali tsiku lililonse limene analipira, ndalama zake, ndi siginecha ya mlongo wachiwiri wa eni nyumbawo, amene pa nthawiyo anali ataima kumbuyo kwa onse akuyang'ana pansi. Mlandu unasintha nkhope pomwepo. Kawirikawiri, ngati wa lendi wakhala akupereka ndalama kwa munthu amene eni onse anamuvomereza, kapena amene anamulekerera kutolera kwa nthawi yaitali osadandaula, khothi silingamulamule kuti alipirenso kachiwiri. Ngongoleyo imakhala yasamukira kwa wotolerayo.

Mapepala a umwini

Khothi lisanamve za ndalama limafuna kudziwa kuti amene akudandaulayo ndi ndani pa nyumbayo. Ngati malowo ali ndi title deed, pitani ku ofesi yolembetsa malo ya unduna wa za malo ku Lilongwe, ku Blantyre kapena ku Mzuzu mukapemphe kuti akufufuzireni m'kaundula, ndipo mudzalipira kandalama kochepa. Mapuloti ena a m'makwalala a m'mizinda zolemba zake zimakhala ku khonsolo ya mzinda kapena ku Malawi Housing Corporation, pomwe malo a kumudzi mboni zake ndi mafumu ndiponso makomiti a malo amene anabwera ndi lamulo la Customary Land Act la 2016.

Lamulo la Registered Land Act limasiyanitsa mitundu iwiri ya umwini wa anthu angapo, ndipo kusiyana kwake n'kofunika kwambiri pa nkhani ya lendi. Mtundu woyamba ndi wa amene lamulo limawatcha joint proprietors. Awa palibe amene ali ndi gawo lakelake, malo onse ndi a onse pamodzi, ndipo mmodzi akamwalira umwini umatsalira kwa amene ali moyo, osati kwa ana a womwalirayo. Mtundu wachiwiri ndi wa proprietors in common, pamene aliyense ali ndi gawo lake lodziwika, kaya theka kaya gawo limodzi mwa magawo anayi, ngakhale kuti nyumbayo sinadulidwe pakati. Mmodzi wa awa akamwalira, gawo lake limalowa m'chuma chake chamasiye, kutanthauza kuti ana ake ali ndi mbali pa lendi. Mabanja ambiri amakangana zaka zingapo asanapite kukaona kuti m'kaundula munalembedwa mtundu uti.

Vuto lalikulu limakhala pamene nyumba idakali m'dzina la malemu. Apa ana sangangodzuka ndi kukasuma ngati eni nyumba, chifukwa amene ali ndi mphamvu zoyendetsa chuma chamasiye ndi munthu amene anatchulidwa mu wilo ndipo khothi linamutsimikiza, kapena amene anapatsidwa chikalata chotchedwa letters of administration pamene malemu sanasiye wilo. Chuma china chimayendetsedwa ndi ofesi ya Administrator General, ndipo chocheperako chimadutsa kwa bwanamkubwa wa boma. Ngati palibe amene anatenga chikalata chimenechi, ntchito yanu yoyamba ndi imeneyo, ngakhale ikuoneka yochedwetsa. Lamulo la Deceased Estates Act la 2011 limaika patsogolo mkazi kapena mwamuna wa malemu, ana ake ndi ena amene ankadalira malemuyo, ndipo silisiyanitsa ana potengera kuti anabadwira m'banja kapena kunja kwa banja. Lamulo lomweli linatseka njira yolowa chuma potsatira mwambo chabe, ndiye malume kapena achimwene a malemu amene akutolera lendi ponena kuti ndiwo eni mbumba alibe poimira ngati sanapatsidwe mphamvu ndi khothi. Kulanda chuma chamasiye ndi mlandu woti munthu angathe kumangidwa nawo.

Werengani ngongole mpaka tambala yomaliza

Woweruza sagwira ntchito ndi mawu akuti "ndalama zambiri" kapena "kuyambira kalekale". Tengani kope, lembani mwezi uliwonse pamzere wake, ndalama imene inayenera kulipidwa, imene inalipidwa, tsiku lake, ndi amene anailandira. Tiyerekeze kuti lendi ndi K200,000 pa mwezi ndipo wa lendi sanalipire miyezi isanu ndi inayi. Ngongole ndi K1,800,000. Ngati pakati pake anaperekako K150,000 kawiri, yatsala ndi K1,500,000. Ngati anakonzetsa denga lodontha ndi ndalama zake K120,000 atauzidwa ndi mmodzi wa inu kuti adzachotsera pa lendi, muichotse ndalamayo nokha asanakukumbutseni pamaso pa woweruza, chifukwa wodandaula amene wagwidwa akukokomeza ngongole amataya chikhulupiriro pa mlandu wonse. Mabilu a madzi amene watsala nawo muwalembe padera ndi kusunga mapepala ake a ku Water Board. Ngati munalandira dipoziti pamene ankalowa, nayonso ioneke m'kopemo.

Sungani chilichonse chimene chikusonyeza kuti panali mgwirizano. Pangano lolemba ndilo labwino koposa, koma kusowa kwake sikutanthauza kuti mlandu wafa, pakuti mgwirizano wa pakamwa wa lendi ya mwezi ndi mwezi umatsimikizika ndi malisiti akale, mauthenga a ndalama a pafoni, ndi mboni. Uthenga wa pa WhatsApp umene wa lendi analemba kuti "ndipepese bwana, ndilipira zonse kumapeto kwa mwezi" ndi wamtengo wapatali, chifukwa akuvomereza yekha kuti ngongole ilipo. Musaufufute, ndipo muusindikize papepala foni isanatayike.

Akuluakulu amati mlandu suola, koma kukhothi umaola ndithu. Lamulo la Limitation Act limapereka zaka zisanu ndi chimodzi zoti munthu asumire ngongole ya lendi kuchokera pamene inayenera kulipidwa, ndipo zakazo zikadutsa woyankha mlandu angathe kungonena kuti nthawi inatha. Palinso chifukwa china chosachedwera. Ndalama ya kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022 ndiponso ndi 44 peresenti mu November 2023, ndiye ngongole imene inali yokwanira kugula malata a nyumba yonse kwacha isanachepetsedwe mphamvu, lero singagule chimodzimodzi. Mungathe kupempha khothi kuti liwonjezere chiwongoladzanja, koma zimenezo zili m'manja mwa woweruza, ndipo muyenera kuzitchula m'madandaulo anu kuyambira pachiyambi.

Ngati wosalipirayo ndi wa lendi

Wa lendi wochenjera amadziwa msanga kuti eni nyumba sakumwerana madzi, ndipo amapezerapo mwayi. Kwa mkulu amanena kuti wamng'ono anamuuza kuti adikire, kwa wamng'ono amanena kuti mkulu anamutsitsira mtengo, ndipo miyezi imangopita. Nthawi zina sikukhala kuchenjera konse, munthuyo amakhala atasokonezekadi chifukwa aliyense akumutumizira nambala yake ya foni kuti ndalama zipite kumeneko. Mankhwala ake ndi amodzi. Eni nyumba onse akhale pansi, asankhe munthu mmodzi wolankhula m'malo mwawo, asankhenso akaunti imodzi yolandirira ndalama, ndipo alembe zimenezi papepala limene aliyense asayinepo. M'bale amene ali kunja kwa dziko angathe kupereka mphamvu kwa wina kudzera m'chikalata cha power of attorney chimene wasayinira pamaso pa munthu wovomerezeka ndi lamulo kumene aliko, ndipo loya wa kuno angakuuzeni mmene chikalatacho chiyenera kutsimikizidwira kuti chigwire ntchito m'Malawi.

Mukatero, lembani kalata yoitanitsa ngongole. Ikhale yaifupi ndi yopanda mawu onyoza. Itchule nyumbayo ndi nambala ya puloti, miyezi imene sinalipidwe, ndalama zonse pamodzi, kumene ziyenera kulipidwa, ndi tsiku lomaliza, mwachitsanzo pakatha masiku 14. Inenenso kuti tsikulo likadutsa mudzapita kukhothi. Pangani makope awiri, wa lendi asayine pa imodzi kusonyeza kuti walandira, ndipo akakana kusayina mboni imene mwapita nayo ilembe tsiku ndi nthawi. Mfumu ya m'deralo kapena mkulu woyang'anira mdadada amakhala mboni yabwino, ndipo kawirikawiri kupezeka kwake kokha kumafewetsa nkhani. Ngati mukufunanso kuti munthuyo atuluke, perekani notisi yolemba motsatira zimene pangano lanu likunena, ndipo pamene palibe pangano lolemba koma lendi imalipidwa pamwezi, notisi isachepere mwezi wathunthu.

Wa lendi akavomera ngongole ndi kupempha kuti azilipira pang'onopang'ono, ganizani mofatsa musanakane. Munthu amene ntchito yamuthera sangatulutse K1,500,000 tsiku limodzi ngakhale woweruza atalamula, pomwe pangano lolemba lakuti azipereka K250,000 pamwezi pamwamba pa lendi, kapena kuti atuluke mwamtendere pa tsiku lakuti ndi kusiya chikalata chovomereza ngongole, lingakupulumutseni ku miyezi yambiri yoyendera khothi.

Pali zinthu zimene eni nyumba ambiri amachita poganiza kuti ndi ufulu wawo, koma zimene zimawasandutsa oyankha mlandu. Kukhoma chitseko ndi loko wina munthu ali kuntchito, kuchotsa chitseko kapena malata, kudula madzi ndi magetsi, kutulutsira katundu pabwalo mvula ikugwa, kapena kunyamula firiji ndi wailesi ya kanema ngati chikole, zonsezi zingapatse wa lendi mpata wokusumirani kuti mumulipire chipukutamisozi, ndipo ndalamayo ingathe kuposa ngongole imene mumafuna. Pa nyumba ya anthu angapo ngoziyi imakula, chifukwa zimangotengera m'bale mmodzi waphuma kuti aononge mlandu wa onse. Njira yogwira katundu wa wa lendi chifukwa cha ngongole ilipo m'malamulo, koma imadutsa kwa masherifu, amene ndi anthu a khothi ogwira katundu, ndipo ili ndi ndondomeko zake, si ya anyamata olembedwa ganyu pamsika. Kupolisi nakonso si kotolera ngongole, popeza kulephera kulipira lendi si mlandu womangitsa munthu.

Kalata ikapanda kuphula kanthu, pitani kukhothi. Milandu ya ndalama zocheperako imayambira kwa majisitireti, ndipo makhothi amenewa ali ndi magiredi, aliyense ndi malire a ndalama zimene angaweruze, choncho kalaliki wa pakhothi adzakuuzani koyenera kupita akaona kuchuluka kwa ngongole yanu. Kwa majisitireti munthu angathe kudziyimira yekha popanda loya. Mudzalemba madandaulo anu, mudzalipira ndalama yotsegulira mlandu, ndipo chisamani chidzaperekedwa kwa woyankha mlandu. Akapanda kuyankha m'masiku amene alembedwa, mungapemphe kuti chigamulo chiperekedwe iye palibe. Ndi bwino kuti eni nyumba onse atchulidwe ngati odandaula, kapena woyendetsa chuma chamasiye asume m'udindo wakewo, kuti wa lendi asapeze pothawira ponena kuti amene wamusumirayo si amene anapangana naye. Kumbukiraninso kuti chigamulo si ndalama. Mukapambana ndipo munthu akukanabe kulipira, muyenera kubwereranso kukhothi kukapempha chilolezo choti masherifu akagwire ndi kugulitsa katundu wake, kapena choti ndalama zichotsedwe ku akaunti yake yakubanki, ndipo ntchito ya masherifu nayo ili ndi mtengo wake. N'chifukwa chake ndi nzeru kudzifunsa musanayambe ngati munthuyo ali ndi kanthu koti n'kugwira.

Ngati ndalama zatsakamira kwa m'bale wanu

Uwu ndiwo mlandu wowawa, ndipo ndi umene umachuluka. Lamulo lake ndi lomveka bwino: mwini mmodzi amene walandira lendi yoposa gawo lake ayenera kufotokoza mmene ndalamazo zayendera ndi kupereka kwa anzake zimene zili zawo. Woyendetsa chuma chamasiye udindo wake ndi wokulirapo, chifukwa chumacho si chake, wangochisungira ena, ndipo khothi lingathe kumulamula kuti aonetse mawerengero onse, kubweza zimene wadya, ngakhale kumuchotsa pa udindowo.

Komabe musathamangire kumutcha wakuba. Amene amatolera lendi ndi amenenso nthawi zambiri amalipira msonkho wa nyumba ku khonsolo ya mzinda, ndalama ya chaka ndi chaka ya malo a liizi ku unduna wa za malo, mmisiri wokonza mipope, wopopa chimbudzi ndi wopenta nyumba wa lendi wina akatuluka. Ndalama za lendi zimakhudzidwanso ndi msonkho wa ku Malawi Revenue Authority. Zonsezi ziyenera kuchotsedwa kaye musanagawane, ndipo m'bale amene ali ndi malisiti a zimenezi ali ndi ufulu wobwezeredwa. Pamene pamavuta ndi pa ndalama zimene zinapita ku zinthu zabwino koma popanda kufunsa ena, monga fizi ya mwana wamng'ono wa malemu, mankhwala a mayi, kapena chiliza cha bambo. Kwa ine, ndalama zoterezi n'zoyenera kuzivomereza ngati umboni wake ulipo, ngakhale munthuyo analakwitsa posafunsa, chifukwa banja limene likukana kuwerengera fizi ya mng'ono wawo limaoneka loipa pamaso pa aliyense womva nkhaniyo. Chimene simuyenera kuvomereza ndi yankho lakuti "ndalama zinagwira ntchito zapakhomo" popanda tsiku, popanda lisiti, popanda dzina la chinthu chimene chinagulidwa.

Yambani ndi kalata yopempha mawerengero, yotchula nthawi imene mukufuna kuti afotokoze, mwachitsanzo kuyambira mwezi umene bambo anamwalira kufikira lero. Kenako itanani msonkhano wa banja pamaso pa anthu amene mbali zonse zimawalemekeza, kaya ndi ankhoswe, akuluakulu a mpingo kapena a mzikiti, kaya mfumu. Zimene mwagwirizana zilembedwe tsiku lomwelo ndipo aliyense asayine asanabalalike, chifukwa mgwirizano wa pakamwa wa pamsonkhano wa banja umatha mphamvu anthu akangokwera minibasi. Pa nthawi yomweyo, eni ena onse alembere wa lendi kumudziwitsa za akaunti yatsopano. Ngati m'bale wotolerayo akutsutsa ndipo wa lendi sakudziwa womvera, khothi lingathe kupemphedwa kuti lilamule kumene ndalama zizisungidwa mpaka mlandu utatha, ndipo zimenezi zimatetezanso wa lendiyo, amene sayenera kuvutika chifukwa cha mkangano umene si wake.

Zokambirana zikalephereka, funsani loya, chifukwa mlandu wotere kawirikawiri umakhudza umwini. Makhothi a majisitireti saloledwa kuweruza nkhani zambiri zimene mkangano wake uli pa umwini wa malo amene si a mafumu, choncho m'bale wanu akangonena kuti nyumbayo ndi yake yekha, nkhaniyo imayenera kupita ku High Court, imene ili ndi maofesi ku Blantyre, ku Lilongwe, ku Zomba ndi ku Mzuzu, ndipo ili ndi nthambi yoona za mabanja ndi chuma chamasiye. Malamulo a kayendetsedwe ka milandu ku High Court a 2017 amafuna kuti milandu yambiri iyambe yadutsa pa kuyanjanitsa mbali ziwirizo isanafike pozengedwa, ndiye musadabwe kupezeka mwakhalanso patebulo limodzi ndi m'bale wanuyo. Amene alibe ndalama zolipira loya angapite ku Legal Aid Bureau, bungwe la boma limene limathandiza anthu osauka pa milandu, ndipo kumeneko adzayamba aona kaye mmene munthuyo amapezera. Ngati mukuopa kuti nyumbayo ingagulitsidwe mwachinsinsi mlandu uli mkati, pemphani ku ofesi yolembetsa malo kuti aike chiletso chotchedwa caution pa malowo, chimene chimaimitsa kusintha umwini inu osadziwa.

Ngati m'nyumbamo mukukhala mmodzi wa eni ake

Apa anthu ambiri amakhumudwa ndi yankho la lamulo. Makhothi a m'Malawi amatsatirabe mfundo zambiri za malamulo a ku England zimene zinalowa m'dziko muno mu 1902, ndipo imodzi mwa mfundozo ndi yakuti mwini aliyense ali ndi ufulu wokhala m'nyumba yonse, choncho sakakamizidwa kulipira lendi kwa eni anzake chifukwa chongokhalamo. Mlongo wanu amene anatsala m'nyumba ya makolo pamene inu munasamukira ku Mzuzu mwa kufuna kwanu si wa lendi wanu, ndipo simungamuwerengere ngongole ya zaka khumi zapitazo. Zinthu zimasintha ngati panali pangano lakuti azilipira, kapena ngati wakutsekerani kunja, monga posintha maloko, pokuopsezani, kapena pokana poyera kuti muli ndi gawo. Zikatero khothi lingathe kulamula kuti akulipireni ndalama yolingana ndi gawo lanu pa lendi imene nyumbayo ikanapeza. Zimasinthanso ngati iye waika anthu a lendi ku boyizikota kapena m'zipinda zina n'kumadya yekha ndalamazo, pakuti pamenepo wabwerera ku udindo wofotokoza mawerengero. Kumbali ina, iyenso angathe kuwerengera zimene waononga posamalira nyumbayo zaka zonsezo.

Kwa mwamuna ndi mkazi amene akusudzulana, nkhani ya lendi isasiyidwe padera. Gawo 24 la malamulo aakulu a dziko lino limapatsa amayi ufulu wolandira gawo loyenera la katundu amene anali wa onse awiri banja likatha, ndipo khothi limene likugawa katunduyo ndilo loyenera kuuzidwa kuti nyumba yakuti ili pa lendi, ndalama zake ndi zakuti, ndipo akulandira ndi uje kuyambira pamene munapatukana. Mayi amene dzina lake silili pa title deed asataye mtima, koma asonkhanitse umboni wa zimene anaikapo pomanga nyumbayo.

Pamene kukhalira limodzi pa nyumbayo kwakanika

Nthawi zina ngongole imabwezedwa koma kukhulupirirana sikubwerera. Zikafika apa, mwini aliyense amene ali ndi gawo lake angathe kupempha kuti malowo agawidwe, ndipo popeza nyumba ya zipinda zitatu singadulidwe ngati munda, mapeto ake amakhala akuti mmodzi agule magawo a anzake kapena nyumbayo igulitsidwe ndi kugawana ndalama. Pezani katswiri wovomerezeka woyeza mtengo wa nyumba, osati dobadoba amene akufuna yake komishoni, ndipo ngongole zonse za lendi zichotsedwe pa gawo la amene ali nazo pa tsiku logawana. Dziwaninso kuti pa malo olembetsedwa, mwini wa gawo sangagulitse gawo lake kwa munthu wakunja popanda chilolezo cholemba cha eni anzake, ngakhale kuti iwonso sayenera kukana popanda chifukwa chomveka.

Ngati mwasankha kusunga nyumbayo, lembani pangano la pakati panu eni ake, losiyana ndi lija la wa lendi. Litchule gawo la aliyense, dzina la wotolera ndi nthawi imene adzakhale pa udindowo, akaunti yakubanki imene ndalama sizingatuluke popanda anthu awiri kusayina, ndalama yoika padera mwezi uliwonse yokonzera nyumba ndi kulipira misonkho, ndiponso malire a ndalama imene wotolerayo angagwiritse ntchito osafunsa anzake. Litchulenso mwezi umene muzikumana kuona mawerengero, ndi zimene zidzachitike mmodzi wa inu akafuna kukhalamo yekha, kuphatikizapo ndalama imene azidzapereka kwa enawo. Aliyense asunge kope yake, ndipo wa lendi apatsidwe tsamba lokhalo limene likunena za akaunti ndi munthu woyenera kulankhula naye.